Chilengezo: Mabuku a za Ndalama Afika

Mamembala anzanga,

Mabuku a kasamalidwe ka ndalama omwe tinasonkherana aja afika. Aliyense atha kubwereka limodzi kwa milungu iwiri. Chonde musamapinde masamba kapena kulembamo.

Ndikupempha kuti tiyambe ndi The Richest Man in Babylon la George S. Clason, lomwe linatuluka mu 1926. Ndi lakale ndithu, koma uphungu wake sunathe ntchito: pa ndalama iliyonse yomwe mwapeza, patulani gawo limodzi mwa magawo khumi musanagule kalikonse. Mabuku enawo akufotokoza za masheya, inshuwalansi ndi chiwongoladzanja cha ngongole, chomwe chatilizapo ambirife.

Loweruka mubwere ndi kope lomwe mwalembamo zonse zimene mwagula sabata ino, ngakhale tating'onoting'ono. Tikaziwerengera limodzi.