Zomwe ndamva ku Ulongué pa nkhani ya ndalama zolerera ana

Amayi anzanga, ndabwerako kumsonkhano kuja munandituma, ndiye ndati ndilembe pompano poti ena simudzatha kufika Loweruka.

Funso lathu lalikulu ndinalifunsa momwe munandiuzira: khoti lagamula kuti bambo azipereka ndalama mwezi ndi mwezi, iye wapereka kamodzi kenako zii, titani? Yankho lake ndi loti khoti silingadziwe palokha kuti munthuyo wasiya kupereka, mayi ndi amene ayenera kubwererako ndi pepala lachigamulo lija nkukanena. Apa mpamene ambirife timagwera mphwayi, timatopa ndi ndalama ya chapa (minibasi), mwana kumsana, nkumangoti Mulungu ndiye adziwa.

Bambo akakhala pa ntchito yolembedwa, kaya mphunzitsi, wapolisi, kaya wa kumigodi ya malasha ku Moatize, khoti likhoza kulamula kuti ndalamayo izidulidwa kumalipiro ake isanafike m'thumba mwake, ndipo wokana dala pomwe ali nazo akhoza kuzengedwa mlandu. Izi zinandisangalatsa. Koma ndinaimirira nkunena kuti amuna a kwathu kuno ku Angónia ndi Tsangano ambiri salandira pamwezi, ndi alimi a mbatata ya kachewere ndi fodya, ndalama amaigwira pokolola basi, ena zikavuta amangodutsa pa Calómuè nkukakhala ku Dedza kwa achibale, nanga amenewo mudula pati? Kunena zoona yankho lake silinandikhutiritse, otiyankhawo anangoti pozenga nkhani mayi afotokoze bwino zomwe bamboyo ali nazo, munda, ng'ombe, njinga yamoto, chigayo, kuti woweruza aone poyambira. Ine ndikuona kuti pamenepa tifunika kuthandizana umboni, chifukwa tonse timadziwa amene wagulitsa matumba angati chaka chino.

China chomwe chinandikhudza, ena timaopa kupita poti sitinamange ukwati. Constituição yathu ya 2004, lamulo lalikulu la dziko la Mozambique, ndime 120, imati makolo athandize ana obadwa m'banja ndi kunja kwa banja komwe, ndiye zoti "sindinakukwatire" zilibe ntchito. Lei da Família, lamulo la za mabanja, inakonzedwanso mu 2019, nambala yake 22/2019. Chofunika mwana akhale wolembetsedwa ku Registo, kolembetsera ana obadwa, ndipo dzina la bambo lilowemo, likasowa nkhani imayambira kutali, kutsimikiza kaye kuti bambo ndi ameneyo.

Wopanda ndalama ya loya apite ku IPAJ, ofesi ya boma yomwe imathandiza osauka pa milandu mwaulere, ndipo ku Procuradoria, kwa oimira boma pa milandu, nakonso amaimirira ana. Kwa mfumu ndi ankhoswe tizipitabe pokambirana, koma zodula malipiro ndi za khoti la boma lokha.

Bambo akamatumiza pa M-Pesa kapena e-Mola musamafufute mauthenga aja chonde, akapereka pamanja lembani tsiku ndi ndalama zake m'kope. Loweruka aliyense amene ali ndi chigamulo abwere nacho pamodzi ndi sedula ya mwana, chikalata chake chobadwira, tiwerenge miyezi yomwe sanapereke, tisankhe awiri operekeza anzathu kukhoti, komanso tikambe zosonkha ya chapa.