Za mbali ya mlonda ija

Bwanawe,

Kalata yako ndalandira Lachiwiri. Zonse ndamva, za lendi ndi za kuzizira kwa ku Johannesburg, koma mawu aja akuti zisudzo wasiya chifukwa amangokupatsa mbali ya mlonda andikhala pamtima mpaka lero. Iwe amene unkatiliza tonse pa siteji ya kusukulu?

Ukuwakumbukira madala a zikhadabo zazitali aja, Lo Pan a mu filimu ya Big Trouble in Little China, amene tinkawaopa ku vidiyo ya kumsika, iwe n'kumabisala kumsana kwanga? Dzina lawo lenileni ndi James Hong. Anabadwira ku Minneapolis, ku America, mu 1929, makolo awo Atchaina. Anaphunzira uinjiniya, ntchito ya misewu n'kuipeza ku Los Angeles, koma anaisiya chifukwa cha mafilimu. Masiku amenewo mbali yaikulu ya Mtchaina ankaipereka kwa mzungu, n'kumumata zikope kuti maso aoneke aang'ono. Iwo ankatola zotsala: woperekera zakudya, wantchito wa m'nyumba, chigawenga. Mu filimu ya Chinatown ya 1974 ndi wantchito wa pakhomo basi. Mu Blade Runner ya 1982 amaoneka mphindi zochepa, akupanga maso m'chipinda chozizira, koma ukawaona suwaiwala.

Chimene chandigwira mtima n'chakuti sanangodandaula. Mu 1965 iwo, mnzawo wa zisudzo Mako ndi ena anayambitsa gulu lawolawo la zisudzo, East West Players, kuti anthu a ku Asia akhale ndi poonetsera luso. Mbali zimene asewera zaposa 600. Tsekwe uja Mr. Ping wa mu katuni ya Kung Fu Panda, amene mwana wa mlongo wako amamutsanzira, mawu ake ndi awo. Nyenyezi yawo pa Hollywood Walk of Fame, msewu umene amalembapo mayina a akatswiri, anailandira mu 2022 ali ndi zaka 93. Ndikaganiza za zaka zonsezo anthu akudziwa nkhope koma dzina ayi, misozi imalengeza.

Ndiye iwe watopa ndi ulonda wa miyezi ingati? Ndikuopa kuti ukasiya pano, wasiyiratu. Udzabwera kuno tsitsi lili mbuu, n'kumauza adzukulu kuti kale unkatha. Usiku wa dzana sindinagone nazo zimenezi, ndinadzuka n'kukhala pakhonde mpaka tambala woyamba.

Kuno denga likudonthabe pamwamba pa bedi penipeni, mmisiri anatenga ndalama n'kusowa. Mbuzi za aneba zatha mpiru wanga wonse. Mlamu wako akuti ndikuuze kuti nsapato zija zinachepa. Ukwati wa achimwene ako unayenda bwino, ndidzakufotokozera.

Amayi ako ndinawaona kutchalitchi, anafunsa ngati ukuseweranso. Ndinangoti eya. Usandisandutse wabodza, bwanawe. Lachisanu upite kumene amasankha anthu kuja, ngakhale akupatse chibonga ndi chipewa chomwecho, ukaime ngati mlonda amene

pepala latha, magetsinso azima.

Ndine mnzako wa kale lomwe.