Lipoti la msonkhano wa aphunzitsi a Chingerezi: mawu okhudzika ndi osakhudzika

A hedi ndi aphunzitsi anzanga a m'dipatimenti ya zilankhulo, zikomo pondituma. Msonkhano unali wa masiku awiri, ndipo tsiku loyamba lonse linathera pa mawu awiri okha a Chingerezi, concrete ndi abstract. M'mawa ndinkaona ngati tikutaya nthawi, poti ndinkayembekezera mndandanda wa matanthauzo oti ana aloweze. Pofika masana maganizo anga anali atasintha.

Mawu a concrete amatchula chinthu choti munthu achione, achigwire, achilawe kapena amve fungo lake: mphasa, fumbi, thobwa. A abstract ndi aja pa Chichewa timati mayina a zinthu zosakhudzika, monga umphawi, ufulu, ulemu. Otsogolera zokambirana anajambula makwerero pa bolodi, nzeru ya katswiri wa chilankhulo S. I. Hayakawa. Pansi penipeni pali ng'ombe imodzi yodziwika ndi dzina lake, kenako ng'ombe zonse, ziweto, katundu wa pafamu, mpaka pamwamba penipeni chuma. Munthu ukamakwera, fungo la khola limanka lizilala.

Chimene chinandigwira mtima ndi chitsanzo cha mu 1946 cha George Orwell, wolemba mabuku wa ku Britain. Iye anatenga Mlaliki 9:11 n'kuilembanso m'Chingerezi cha m'maofesi. Vesi lenilenilo m'Chingerezi lili ndi mawu 49 a maphatikizo 60 okha, pamene lake lija lili ndi mawu 38 koma maphatikizo 90. Tinawerenga zonse ziwiri mokweza n'kutembenuza mapepala. Aliyense anakumbukira dzuwa, mpikisano wa liwiro, nkhondo ndi mkate. Pa chachiwiricho m'chipinda munangoti zii.

Apa m'pamene mawu ena a zolemba za luso anagwera m'malo mwake. Imagery ndi mawu opanga chithunzi m'maganizo. Simile ndi chifanifani chathu chomwe chija, choyendera like kapena as monga ife timayendera ngati. Metaphor imachotsa ngatiyo n'kunena kuti ichi ndi icho. Personification imapatsa mphepo kapena imfa manja ndi pakamwa. Zonsezi ntchito yake ndi imodzi, kutsitsa ganizo pa makwerero kuti liponde pansi. N'chifukwa chake mlakatuli wa ku America Ezra Pound mu 1913 anachenjeza alakatuli ongoyamba kumene kuti aziwaopa mawu osakhudzika.

Ine ndinapempha mpata n'kunena kuti ana athu luso ili analiyamwira. Mwana wa Fomu 1 amadziwa kuti mutu umodzi susenza denga, ndipo m'mwambi wonsewo mulibe mawu oti mgwirizano, muli mutu ndi denga basi. Yemweyo amati kunja kwada bii, maso ali psuu, agogo angokhala duu. Mvekero zathuzi n'zogwirika kuposa mawu ambiri a Chingerezi. Koma mpatseni chimangirizo cha Chingerezi, mudzaona poverty, development, challenges kuyambira pamwamba mpaka pansi. Mphika wozizira pamafuwa simuupezamo, ngakhale nsapato yong'ambika. Vuto limeneli tinalibzala ndife, chifukwa cholembera chofiira chimakonda kuchonga mawu akuluakulu.

Bambo wina wachikulire, amene waphunzitsa zaka zambiri, anatsutsa. Anati pa mayeso a MSCE mwana amafunsidwa za theme, mfundo yaikulu ya nkhani, ndipo theme ndi abstract, ndiye tisawaopseze ana ndi mawu amene akawafune m'chipinda cha mayeso. Ananena zoona, ndipo tinakambirana nthawi yaitali. Tinagwirizana kuti mwana azitchula theme m'chiganizo chimodzi, nsanje kaya dyera, kenako atsike msanga kukaonetsa amene anachita, chimene ananyamula, ndi kumene anaima.

Tsiku lachiwiri tinangothamanga pa rhyme (kufanana kwa kamvekedwe kumathero a mawu), alliteration (kubwereza liwu lomwelo koyambirira kwa mawu) ndi irony (kunena zosiyana ndi zimene ukutanthauza). Nthawi inachepa, ndipo irony sitinaikhutire konse. Mapepala amene anatigawira ndawasiya mu ofesi ya dipatimenti, malisiti a ulendo ndapereka kwa asungichuma.

Pempho langa ndi ili. Lachinayi likubwerali aliyense wa ife abwere ndi zimangirizo zisanu za Fomu 3. Tidzadule mzere pansi pa dzina lililonse losakhudzika, kenako ana eni akewo akalembe pambali chinthu chimene anachiona ndi maso pamene ankalemba mawuwo. Ine ndidzayamba ndi kalasi langa Lolemba, ndipo ndidzabweretsa zimene atalembe.