Inu ogulitsa magemu akale, ndisinthireni disiki kapena bwezani ndalama zanga

Inu a shopu amene mumatsatsa madisiki a PS1 pano pa Facebook, ndabwera poyera chifukwa ku WhatsApp mukungowerenga osayankha, foni nayo mukudula.

Ndisanatumize ndalama ndinakuuzani bwinobwino kuti PlayStation yanga ndi ya PAL, mtundu wa ku Ulaya, yopanda chip yoti izisewera madisiki a kwina, kodi Twisted Metal 2 muli nayoyo isewera? Inu mvekere isewera bwana musadandaule. Disiki yafika ndi ya ku America, pachikuto pomwe palembedwa NTSC U/C, makina akungoikana basi. Munthu wogulitsa magemu akale osadziwa kuti disiki ya ku America siyenda pa PS1 ya PAL, zoona? Ine ndimafuna ana a mlongo wanga amuone Sweet Tooth ndi chigalimoto chake cha ice cream, aone mmene tinkagwetsera Eiffel Tower ku Paris kuja, pano disiki yangokhala pa shelefu.

Koma chandinyansa kwambiri ndi Destruction Derby. Yasewera inde, ndi yoyamba ija ya 1995 ya makampani a Reflections ndi Psygnosis, ndipo ndisaname ndalowa mu bwalo lozungulira lija la Bowl magalimoto 20 kugundana kuphwanyana, kuyendetsa chambuyo kuti kutsogolo kusaphwanyike injini n'kuyamba kufuka utsi, kumuzunguza mnzako 360 kuti mapointi achuluke, zonse zija zilimo. Nkhani ndi yoti pa post yanu munalemba kuti osewera awiri, n'kundigulitsanso controller yachiwiri pamwamba pake. Achimwene gemu imeneyi siigawa screen, kuti musewere awiri nthawi imodzi pamafunika link cable yolumikizira makina, ma PlayStation awiri, ma TV awiri komanso madisiki awiri, ndani ali nazo zimenezo panyumba? Ndiye controller yachiwiriyi ndipange nayo chani? Ikanagwira ntchito pa Twisted Metal 2 poti iyoyo imagawa screen, koma ndi yomweyo yakana ija.

Destruction Derby ndisunga, imeneyo sindikubweza. Twisted Metal 2 mundisinthire ndi ya PAL, ngati mulibe bwezani ndalama ya disiki ndi ya controller yomwe, ya transport yobwezera katunduyu mulipire ndinu poti ndinafunsa ndisanagule. Komanso post ija ikonzeni, ndaona ena ayamba kale kufunsa mtengo pansi pake.