Thupi lipite kumudzi, kapena ndalama?

Johannesburg

Achimwene,

Ndikhulupirira kuti muli bwino pamodzi ndi alamu ndi ana kumeneko ku Mchinji. Kuno tilipo, kungoti chisanu chatikwana; m'mawa madzi a pampopi amachita kuluma zala. Uthenga wanu wa pa WhatsApp ndinauona kalekale, koma nkhani imene ndili nayo si ya mizere iwiri, n'chifukwa chake lero ndakhala pansi.

Munamva kale kuti miyezi yapitayi tinataya mkulu uja wa ku Ntcheu amene ankasamala maluwa m'nyumba za ku Randburg. Chimene simunamve ndi mkangano umene unabuka thupi lili ku mochale. Paja ine ndine msungichuma wa kagulu kathu ka maliro, ka anthu a ku Diepsloot ndi ku Cosmo City, ndiye buku la mayina ndi chitini cha ndalama zonse zimagona kwa ine.

Msonkhe-msonkhe unayenda bwino, kuposa mmene tinkayembekezera. Koma musaiwale kuti ndalama zake ndi za anthu otani. Mu March 2025 boma la kuno linaika malipiro otsikitsitsa pa R28.79 pa ola, ndipo ambiri a ife, makamaka amene mapepala awo sali bwino, sitifika n'komwe pamenepo. Munthu akaponya R200 m'chitini, ndiye kuti waponya tsiku lathunthu la thukuta lake. Kwinaku kutumiza thupi kumudzi si masewera. Pafunika chikalata cha imfa cha ku Home Affairs, china chosonyeza kuti thupi lakonzedwa ndi mankhwala kuti lisawonongeke panjira, chilolezo cha a zaumoyo choti lituluke m'dziko, ndi kalata ya ku ofesi ya kazembe wathu. Kenako ulendo wake: Beitbridge, Harare, Nyamapanda, Tete, Zobue, kulowa pa Mwanza, makilomita oposa 1,600 kuti mungofika pa Zalewa. Tsiku lililonse limene thupi lagona kwa a zamaliro, bilu imakwera. Titawerengera, ndalama zonse zimene tinali nazo zinkathera pomwepo.

Usiku wina ndinalandira uthenga wa mawu kuchokera kwa mayi wamasiye. Ankayankhula monong'ona, ndipo ndikuganiza kuti anachita kuzembera kuseri kwa nyumba, chifukwa chapatali ndinkamva amayi akuimba nyimbo za pasiwa. Anati, "Achimwene, ngati n'kotheka, bambo a kunyumbawo akaikidwe konko. Ndalamazo munditumizire. Mtsikanayu ali Fomu 3 kusukulu yogonera konko, nyumbayi mbali ina ilibe malata, ngongole ya feteleza ikundidikira. Koma chonde musanene kuti ndanena ndine." Kwa inu ndikuulula chifukwa ndimadziwa kuti pakamwa panu mpolimba.

Kutacha, atsibweni a malemuwo, eni mbumba, anaimba nawonso, iwo mokweza mawu. Anati adzukulu angodikira tsiku, malo kumanda asankha kale pafupi ndi mayi ake. Ndipo anali ndi chifukwa chimene sindikanachinyoza. Agogo a malemuwo anapita ku migodi ndi Wenela, zisanachitike za ndege ija imene inagwa ku Francistown mu April 1974 n'kupha anthu athu oposa 70, Kamuzu n'kuletsa kulemba anthu. Agogowo anasanduka mtchona, osabweranso, ndipo mpaka lero palibe wodziwa kumene anagona. "Joni anatidyera kale mmodzi wopanda manda," anatero mkuluyo. "Wachiwiri ayi."

Lamulungu masana tinakumana m'galaja ya mnzathu wina, ena pa makreti a zakumwa, ena chiimire. Maganizo a mayi aja ndinawapereka ngati anga. Mkulu wa mpingo wa CCAP anatikumbutsa kuti Yosefe analumbiritsa abale ake za mafupa ake, ndipo Mose anawanyamuladi potuluka ku Ejipito. Mayi wina wogulitsa zitenje anamuyankha kuti Mulungu yemweyo ndi amene analamula kusamala amasiye, ndipo kuti wakufa sadzalemba MSCE. M'bale wathu wachisilamu wa ku Mangochi anati kwa iwo kusunga thupi sabata ziwiri mu fuliji ndiye kumuzunza munthu. Iwo amaika msanga, ku manda a Westpark mu Joni momwemuno, popeza nthaka yonse ndi ya Mwini wake. Mnyamata wina anati iye anasonkha kuti thupi lipite, ngati sizitero abwezeredwe yake. Pomaliza anayankhula amene ankagona chipinda chimodzi ndi malemuwo. Sanachulutse. Anati kuchipatala mkuluyo anamugwira dzanja n'kunena kuti, "Musandisiye kuno," iye n'kuvomera.

Taonani achimwene, m'galajamo panalibe amene ankatsutsa mnzake pa zoona zake za nkhaniyi. Tonse tinkadziwa mtengo wa ulendo, tonse tinkadziwa umphawi wa pakhomo paja. Tinkasiyana pa chimene chimapangitsa chinthu kukhala choyenera: kodi ndi phindu limene chibweretse kwa amoyo, kapena ndi lonjezo limene linaperekedwa, kapena ndi mwambo umene umamanga mbumba pamodzi? Ndipo choipa kwambiri n'chakuti mkangano womwewo unali mumtima mwanga. Aliyense akamayankhula ndinkapezeka ndikugwedeza mutu kuvomereza.

Usiku umenewo ndinakumbukira kalasi yathu ija ya ethics, phunziro la chabwino ndi choipa, ku seminale ya Kachebere, masana kukutentha, theka la kalasi likuwodzera. Mukukumbukira kuti akatswiri akale a Mpingo wa Katolika analimbana nalo funso lomweli kwa zaka mazana: munthu achite chiyani ngati sakudziwa bwinobwino kuti lamulo likumumanga kapena ayi? Ena ankati tenga njira imene ilibe chiopsezo cha tchimo, ngakhale ikhale yowawa. Ena ankati tsata maganizo amene ali ndi zifukwa zolemera kuposa enawo. Ndiye kunabwera Bartolomé de Medina, wa chipani cha Dominiko ku Salamanca, amene mu 1577 anaphunzitsa kuti ukhoza kutsata maganizo alionse okhala ndi maziko omveka, ngakhale otsutsana nawo atakhala olimbirapo. Ndi ija ankaitcha probabilism. Pascal, katswiri wa ku France, anadzaseka koopsa otsatira nzeru imeneyi mu 1656, kuti potero aliyense angofunafuna mphunzitsi mmodzi womuvomereza zimene mtima wake ukufuna kale. Kenako Alphonsus Liguori, wansembe wa ku Italy, anayesa kudutsa pakati. Zonsezi ndinazikumbukira bwinobwino, mpaka kudabwa kuti mutu wanga unasunga zimenezi m'malo mwa zinthu zobweretsa ndalama. Koma zinandithandiza pang'ono chabe. Akuluakulu aja ankakamba za lamulo mbali ino ndi ufulu wa munthu mbali inayo. Kwa ife kunalibe mbali ya ufulu. Uku kunali udindo, ukonso udindo, ndipo njira yopanda chiopsezo sinkaoneka.

Mukanandipanikiza kuti ndinene kumene ndinkapendekera, ndikanati pa magawo khumi, asanu ndi limodzi ndinali kwa mayi wamasiye. Mpaka lero ndikadali komweko. Ndiye chapafupi chinali kunena kuti basi, mbali imeneyi yapambana, ndichite ngati inayo kulibe. Anthu ambiri ophunzira amatero, ndipo amaoneka olimba mtima. Ine ndikuona kuti n'kudzinamiza. Magawo anayi otsalawo sanafe chifukwa choti achepa. Ngati mumtima ndikuvomereza kuti mwina lonjezo kwa munthu amene akutsirizika ndi chinthu chosathyoledwa, sindingachite ngati ndili ndi chitsimikizo chimene ndilibe.

Pali nzeru ina imene ndinaiwerenga nditabwera kale kuno, ya anthu awiri a ku Oxford, Nick Bostrom ndi Toby Ord, imene inatuluka mu 2009. Iwo amati uyerekeze kuti mumtima mwako muli nyumba ya malamulo. Maganizo alionse uwapatse mipando molingana ndi mmene ukuwakhulupirira, kenako uwasiye akambirane. Chimene chinandigwira mtima n'chakuti chipani chochepa chikhoza kupambana pa nkhani imene kwa icho ndi ya moyo ndi imfa, n'kugonja pa zina zimene sichizisamala kwenikweni. Ndiye ndinasiya kufunsa kuti wolondola ndani, n'kuyamba kufunsa mbali iliyonse kuti chimene singalolere kutaya n'chiyani.

Mbali ya lonjezo inkafuna chinthu chimodzi chokha: munthuyo akagone m'dothi la kwawo. Sinanene za bokosi lonyezimira la zogwirira zagolide, sinanene za minibasi yodzaza operekeza, sinanene za ng'ombe. Zimenezo timawonjezera tokha, ndipo kunena zoona zambiri mwa izo n'zofuna kuti kumudzi aone kuti a ku Joni si anthu wamba. Mbali ya amoyo nayo, nditaifunsa bwino, chimene sinkalolera n'chakuti mtsikana uja asiye sukulu. Sinkafunikira ndalama zonse tsiku limodzi. Ndipo panali kusiyana kwina kumene kunandilemera: thupi likalowa m'manda a kuno, kwa anthu a matumba ngati athu ndiye kuti zatha, palibe adzalifukule. Pamene ndalama ya sukulu ndi chinthu choti anthu amoyo akhoza kuisakabe mwezi ndi mwezi. Cholakwa china chinali chokonzeka, china chosakonzeka. Onjezerani kuti ndalamazo anthu anapereka atauzidwa kuti n'zotumizira thupi, ndipo ine ndinangosungitsidwa.

Choncho ine, munthu wokhulupirira kwambiri mbali ya mayi wamasiye, ndinaimika dzanja kuti thupi lipite. Tinagula bokosi lotsika mtengo kuposa onse, thupi linakwera galimoto limodzi ndi la munthu wina wa ku Balaka kuti tigawane mtengo, ndipo woperekeza anali mmodzi yekha, uja analonjeza. Kandalama kotsala tinatumiza pa Mukuru m'dzina la mayiwo, osati la eni mbumba. Kenako tinatsegula tsamba latsopano m'buku, anthu n'kulembetsa zimene azipereka mwezi uliwonse mpaka mwanayo alembe mayeso a Fomu 4.

Koma pali malo amodzi pamene ndinakana kugonja, ndipo ndikufuna mundiuze ngati ndinaganiza bwino. Atsibweni aja ataona kuti tikuchedwa, anayamba kunena kuti tikamuika kuno mzimu wake udzatha ana onse pakhomo, mmodzimmodzi. Ena m'gulu anachita mantha, n'kumati ngakhale mwayi woti zimenezo n'zoona utachepa bwanji, chiopsezo chake n'chachikulu kwambiri moti tingomvera, bokosi lodula ndi ng'ombe zomwe. Apa ndi pamene nzeru yoti "tenga njira yopanda chiopsezo" imasanduka msampha. Ngati amene watchula tsoka lalikulu kuposa onse ndiye azipambana nthawi zonse, ndiye kuti gulu lizilamulidwa ndi wodziwa kuopseza. Mawa wina adzati mzimu womwewo wakwiya chifukwa mwana wake wasiya sukulu, nanga tidzamvera uti? Chisoni cha mbumba ija ndinachipatsa mipando yambiri, pamodzi ndi nkhani ya agogo awo. Kuopsezako sindinakupatse mpando, makamaka poti kunkachokera kwa munthu amene sanaponyepo ngakhale tambala.

Musaganize kuti ndikudzitama kuti tinapeza yankho lokomera onse. Magawo asanu ndi limodzi ndi anayi aja ndi manambala a m'mutu mwanga chabe. Palibe sikelo imene ingayeze lonjezo mbali ino, malata mbali inayo. Ndiponso njira yathuyi ili ndi mwini wake woilipira. Thupi linafika, nyimbo zinaimbidwa, mbali ya lonjezo inalandira zake zonse tsiku limodzi. Mayi uja analandira pang'ono, kwinako analandira mawu a anthu a maganyu. Mwezi woyamba onse anapereka. Pano ena ayamba kale kusayankha foni, wina ntchito inamuthera, wina anamugwira apolisi pa nkhani ya mapepala ndipo ali ku Lindela, kumalo osungirako obwera opanda mapepala, kudikira kutumizidwa kumudzi. Tikalephera, ndiye kuti chisankho changa chija chalipiridwa ndi munthu yekhayo amene anachita kunong'ona popempha. N'chifukwa chake tsiku lolandira malipiro ndimayenda khomo ndi khomo ndi buku lija, ndipo ena ayamba kundithawa ngati wa katapila.

Ndili ndi zopempha ziwiri. Choyamba, inu ndinu mphunzitsi ndipo mumadziwa mmene zimayendera: kodi tingathe kumalipira ndalama ya chigonero mwachindunji ku akaunti ya sukulu, ife n'kumangolandira lisiti? Zikadutsa m'manja ambiri zimafika zitaonda.

Chachiwiri n'chovutirapo. Pa msonkhano wa mwezi wamawa ndikufuna kupereka ganizo loti aliyense wolowa m'gulu azilemberatu, akadali wamphamvu, ngati akufuna kukaikidwa kumudzi kapena kuti ndalama zake zipite kwa ana, ndipo akazi ake kapena amuna ake azidziwa zimene walembazo. Ena akuti kutero n'kudziitanira imfa, koma amenewo ndithana nawo. Chimene chandiimitsa mutu ndi ichi: munthu akalemba kuti "kumudzi," kenako zinthu pakhomo n'kusintha, wamasiye n'kubwera akulira kuti tisatero, gulu limvere pepala kapena limvere wamoyo? Mkulu wa CCAP uja akuti pepala. Mayi wa zitenje akuti wamoyo. Mundiyankhe lisanafike tsikulo, ndipo musandiyankhe ngati mmene munkayankhira mayeso, kutchula mbali zonse osasankhapo.

Mundiperekere moni kwa alamu ndi kwa mayi. Muwauze kuti bulangete lija ndapatsira mnyamata wa mabasi amene anyamuke pa Park Station Loweruka. Akafika ku Lilongwe akuimbirani.

Ndine mnzanu wakale,
wa ku Joni