Lipoti la msonkhano wa kalendala ya dziko lathu la nthano

Anzanga a gulu lathu la ku Chilenje, Loweruka lapitali ndinakakuimirirani ku Kabwata monga munandituma. Tinakumana olemba nthano a magulu anayi: ife, a ku Matero, a ku Chawama ndi a ku Chipata, omwe anafika dzulo lake pa basi. Nkhani inali imodzi, yoti dziko lomwe tikulipeka limodzili likhale ndi kawerengedwe kamodzi ka masiku.

Chomwe chinautsa nkhaniyi mukuchidziwa. M'nthano ya a ku Matero, mfumukazi ya kumapiri ili ndi zaka 34 pomwe nkhondo ya pa mlatho ikuyamba, koma m'nthano yathu ili ndi zaka 33. Titakhala pansi ndi cholembera tinapeza kuti palibe analakwitsa. Anthu a kumapiri amawerenga poona mwezi, ndipo miyezi 12 yotere imangokwana masiku 354. A m'chigwa, omwe ife timalemba, amadikira mvula yoyamba, choncho chaka chawo chimatsata dzuwa, masiku 365. Chaka chilichonse pamatsala masiku 11, ndipo pakatha zaka 33 masikuwo amakwana pafupifupi chaka chathunthu.

Pa za miyezi sitinachedwepo. Tinatengera Ethiopia, komwe kuli miyezi 12 ya masiku 30 ndi kamwezi kena kotsiriza, Pagume, ka masiku 5, kapena 6 pa chaka chachinayi chilichonse. Mayi wina wa ku Chawama, mphunzitsi wa masamu, anachenjeza kuti kuwonjezera tsiku pa zaka zinayi zilizonse kumapyola ndi mphindi pafupifupi 11 pa chaka, zomwe zimakwana tsiku lathunthu pa zaka 128. Ndi vuto lomweli lomwe Papa Gregory XIII anakonza mu 1582, pomwe anthu anagona pa 4 Okutobala nkudzuka pa 15. Tinagwirizana kulisiya vutoli m'dziko lathu dala, kuti mibadwo ya kutsogolo kwambiri ya anthu a m'nthano zathu idzaone yokha tsiku lodzala la pa kalendala likufika mvula itapita kale.

Pomwe mutu unakula mpakuti kalendala yatsopanoyo ilowe bwanji. A ku Matero ankafuna kuti mfumu yaikulu ilamule, m'mawa mwake dziko lonse nkuyamba kuwerenga mofanana, nthano nkupitirira. Apa ndinakana m'dzina lanu, ndipo ndikhulupirira kuti simundidzudzula. Ndinawakumbutsa kuti Britain inadikira mpaka 1752 isanavomere kalendala ya Papa, ndipo itavomera inadumpha masiku 11, kuchoka pa 2 kufika pa 14 Seputembala. Russia inalowa mu 1918. Ku France anayesa sabata ya masiku 10 mu 1793, koma pofika 1806 Napoleon anali ataichotsa. Nanga m'dziko lathu lopanda wailesi, lomwe uthenga umayenda ndi ng'oma ndi miyendo, anthu angamvere usiku umodzi? Ndinawafunsa za msodzi yemwe anakongola ukonde nkulonjeza kubweza mwezi ukaoneka katatu: abweza liti, poti mwezi wa mfumu suyenderanso limodzi ndi wa kumwamba? Ndinawafunsa za mkazi wamasiye yemwe akuwerenga masiku kuti amete maliro, ndi za wa ganyu yemwe walima masiku 19 koma kalendala ikuti mwezi watha. Kwa ine nthano zathu zagona pa anthu amenewa. Tikawachotsa titsala ndi tebulo la manambala.

Bambo wachikulire wa ku Chipata anandithandiza ndi chitsanzo cha pakhomo pomwe. Anati timvetsere mayina a masiku athu: Lolemba nlolembedwa ntchito, Loweruka nloweruka ku ntchito. Sabata yathuyi inabwera ndi olemba anthu ntchito, komabe agogo kumudzi sanasiye kunena za chizimalupsa, dzinja, masika ndi chilimwe. Mawu akewo anakhazika mtima pansi anthu ambiri m'chipindamo, ine ndemwe.

Ndiye tinamanga chonchi. Kalendala ya mfumu ikhala ya msonkho, milandu ndi malonda, ndipo ife olemba tizigwiritsa ntchito imeneyi polondoloza zaka kuti tisasemphanenso. Koma anthu a m'nthano apitiriza kuwerenga monga makolo awo, ndipo kusinthaku kutenga mibadwo iwiri, a kumapiri akhala otsiriza kugonja. Masiku sadumphidwa. M'malo mwake chaka chosinthiracho chitalikitsidwa, monga anachitira Julius Caesar mu 46 BC pomwe chaka chinakwana masiku 445. Magulu atatu anavomera. A ku Matero anati akafunse kaye anzawo, ndipo chifukwa chawo nchomveka: nthano zawo ziwiri zatha kale, ndipo ayenera kukazikonzanso.

Za maola sitinamalize. Ena akufuna tsiku liziyamba dzuwa likamatuluka, monga amawerengera a Chiswahili, omwe 7 koloko yathu ya m'mawa amaitcha ola loyamba. Ine ndinaikonda njirayi chifukwa ikugwirizana ndi anthu omwe amadziwa tambala woyamba, mbandakucha ndi dzuwa la paliwombo. Koma funso linabuka loti kum'mawa kwa dzikolo kumacha msanga kuposa kumadzulo, ndiye ng'oma ya ku likulu ilire pa kucha kwa yani? Wina anatchula za pa Nakonde, pomwe ukangowolokera ku Tunduma, ku Tanzania, wotchi uyenera kuisuntha ndi ola limodzi. Tinaisiya kuti magulu akaikambirane kwawo.

Ntchito yomwe yatigwera ife ndi kupeka mayina a miyezi 12 ya anthu a m'chigwa, ochokera ku zochitika za kumunda, komanso kulemba nthano yoyamba ya chaka chachitalicho. Ndinapempha kuti nthanoyo ikhale ya msodzi wa ngongole uja, ndipo anavomera. Tikakumana Lachisanu, aliyense abwere ndi mayina atatu a miyezi komanso maganizo ake pa za ng'oma, kuti ndikapereke yankho lathu pa msonkhano wotsatira.