Atisonyezeko filimu ya ku Lesotho yonena za manda

Akonzi,

Ndiloleni ndipemphe nyumba zathu za wailesi yakanema komanso okonza zionetsero za mafilimu kuti atipezere mwayi woonera filimu ya ku Lesotho yotchedwa This Is Not a Burial, It's a Resurrection, imene Lemohang Jeremiah Mosese anatulutsa mu 2019, ndipo inalandira mphoto yapadera pa chionetsero cha mafilimu cha Sundance ku America mu 2020.

Nkhani yake ndi ya Mantoa, gogo wa zaka 80 amene walandira uthenga woti mwana wake wotsala yekhayo wafera kumgodi ku South Africa. Popeza anaika kale m'manda mwamuna wake ndi abale ena, iye sakufunanso china koma kutsikira kulichete n'kukagona pambali pawo. Ali mkati mokonzekera maliro ake, akumva kuti mudzi usamutsidwa chifukwa kukubwera damu, ndipo malo a manda adzamira. Apa m'pamene munthu wolakalaka imfa akusanduka wodzutsa mudzi wonse kuti ukane kusamuka.

Ozolowera mafilimu othamanga adzati iyi ikuchedwa, chifukwa kamera imakhala nthawi yaitali pankhope ya gogoyu atavala zakuda zaumasiye, mawu ndi ochepa, ndipo wofotokoza nkhani amadukiza n'kuyamba kuimba lesiba, choimbira cha Abasotho chouzira ndi pakamwa. Ine ndikuona kuti Mosese anachita bwino. Aliyense amene anachezerapo pasiwa akudziwa kuti chisoni sachikankha: amayi amaimba m'nyumba usiku wonse, abambo amawotha moto panja osalankhula zambiri, ndipo ngakhale adzukulu atakwirira, anamfedwa samasuka mpaka tsiku lometa litafika. Filimu yonena za imfa ikathamangira kumapeto, imanamiza woonera. Mary Twala, amene anasewera ngati Mantoa, anamwalira mu July 2020, zimene zimapangitsa kuti nkhope yake m'filimuyi ikhale yolasa mtima kwambiri.

Nkhaniyi si yachilendo kwa ife amene agogo athu anapita kumigodi ya ku South Africa kudzera ku Wenela, ena osabwerako, komanso amene timamva za kufukula manda pofuna kulambula msewu kapena kutsegula mgodi. Chipukutamisozi chimawerengera nyumba ndi mitengo, koma sichingawerengere kulekanitsidwa kwa amoyo ndi makolo awo ogona.

Popeza ochita sewero amalankhula Chisotho, ndikupempha kuti poionetsa adzaike mawu a Chichewa m'munsi mwa chithunzi, ndipo ikafikenso kumaholo a m'maboma kumene kuli achikulire amene angaimvetse kuposa ife a m'tauni.

Wokonda mafilimu,
Zomba